Robert Rodriguez, mtsinandekha wa ku Texas

Amene amati kupanga filimu n'kwa anthu olemera okhaokha akamuone Robert Rodriguez. Filimu yake yoyamba yaitali, El Mariachi ya 1992, anaijambula m'tauni ya Ciudad Acuña ku Mexico ndi madola pafupifupi 7,000, ndipo gawo la ndalamazo analipeza podzipereka kuti achipatala ayesere mankhwala atsopano pathupi pake. Nkhani analemba yekha, kamera anagwira yekha, kulumikiza zithunzi n'kukhala yekhanso. Pofuna kuti kamera iyende mosagwedera, ankakhala panjinga ya olumala wina n'kumamukankha. Poti kamerayo inali yaphokoso, mawu ankawajambula padera akatha zithunzi. Kampani ya Columbia Pictures inagula filimuyo, ndipo mu 1993 filimuyo inapata mphoto ya oonera pa chikondwerero cha mafilimu cha Sundance. Chimandisangalatsa n'chakuti ndalama zitabwera ndi mafilimu a Desperado, Spy Kids ndi Sin City, mkuluyu sanasiye khalidwe lake. Ku kampani yake ya Troublemaker Studios, mumzinda wa Austin, amapekanso ngakhale nyimbo za m'mafilimu ake. Komatu pali vuto: ukakhala wolemba, wojambula ndi wodula zithunzi nthawi imodzi, palibe wokuuza kuti apa watalikitsa, ndipo ine ndimaona kuti mafilimu ena otsatira a Spy Kids anasowa munthu wotereyu.