Kapinga wometedwa ngati ndi lezala yobuntha

Achimwene anga amadalira ganyu yotchetcha kapinga ku Biriwiri, kufupi ndi malire a Mozambique. Mu Januwale, mvula ili pachimake, makina awo a petulo anayamba kusiya udzu mizeremizere, uku waufupi, uku wautali. Bwana wina anawauza mosapsatira kuti abwerera kwa anyamata a chikwakwa.

Iwo anali atakonzeka kale kukwera minibasi ya ku Ntcheu kukasaka mpeni watsopano. Ndinawapempha kuti tiyambe taimika makinawo pakhonde la simenti. Titayeza ndi tepi, mbali imodzi inali yotsika ndi 2 cm. Kachitsulo kokwezera tayala limodzi kanali katadumpha dzino lake. Basi, vuto lalikulu linali lomwelo.

Kenako tinazula waya wa pulagi (chonde musaiwale, zala sizimeranso) n'kupendeketsa makinawo, mbali ya fyuluta ya mpweya ili kumwamba kuti oyilo asalowemo. Kunsi kunali phala la udzu wonyowa ndi matope, tinalipala lonse. Mpeni unali wobuntha ndi miyala koma wosapindika. Tinaunola ndi tupa n'kuupachika pa msomali pabowo lapakati. Mbali yolemera imatsika, ndipo ndiyo yofunika kunolanso, apo ayi makina amanjenjemera.

Chomwe tikukanganabe ndi nthawi. Achimwene amakonda kutchetcha mame asanaume kuti agwire maganyu awiri patsiku. Ine ndimati azidikira dzuwa, komanso asamadule kuposa gawo limodzi mwa magawo atatu a utali wa udzu. Bwana uja wawaitananso Loweruka, 6 koloko m'mawa.