Boma likasintha maofesi, zaka za wantchito zisafufutike

Boma lililonse likalowa ku Capital Hill limayamba ndi kukonzanso maofesi. Maunduna ena amaphatikizidwa, ena amagawidwa, nthambi zina zimasamutsidwa. Ife sititsutsa zimenezi, pakuti ntchito za boma zimafunikadi kukonzedwa. Chomwe chimatiwawa n'chakuti funso losowetsa tulo wantchito limasiyidwa osayankhidwa: mwa anthu aikidwa mu ofesi imodziwa, wamkulu ndani?

Wina angayese kuti ndi nkhani yongolimbirana ulemu. Ayi ndithu. Ukulu pantchito umakhudza woitanidwa ku intavyu mpando ukatseguka, wogwirizira udindo bwana akachoka, ndiponso giredi yomwe munthu adzapumire nayo akafika zaka 60, yomwe penshoni yake imadalira.

Taonani za mphamvu ku anthu. Ndondomekoyi idakhazikitsidwa mu 1998 pamodzi ndi lamulo la maboma ang'ono, ndipo patapita zaka, aphunzitsi a kupulayimale, azaumoyo ndi alangizi a zaulimi adayamba kulandira malipiro kudzera m'makhonsolo. Anthuwa adalowa ntchito pa makomo osiyana: wina pa Teaching Service Commission, wina pa Health Service Commission, wina pa Civil Service Commission. Kukhonsoloko adapeza anzawo olembedwa ndi Local Government Service Commission. Tsono tiwerengere pati? Tsiku lomwe munthu adayamba ntchito m'boma, lomwe adakwezedwa komaliza, kapena lomwe dzina lake lidafika kukhonsolo? Likasowa yankho lolembedwa, munthu wa zaka makumi awiri pantchito amasanduka mlendo, ndipo fayilo yake ikasochera pakati pa likulu ndi ofesi ya DC, amauzidwa kuti abweretse yekha kalata yomwe boma lomwelo lidamulembera.

Kukweza anthu chigulu nako sikuthetsa vutoli. Mu 2019, chisankho cha pa 21 May chitayandikira, boma lidalengeza kuti lakweza aphunzitsi pafupifupi 20,000. Ambiri adayeneradi kukwera kalekale, atakhalitsa pa PT4 mpaka imvi kumera. Koma anthu ochuluka chotero akakwera nthawi imodzi, yemwe adadikira zaka zambiri ndi yemwe adadikira zochepa amaima pamzere umodzi, ndipo mkangano umangosamukira pa mpando wotsatira.

Zotsatira zake timaziona tonse. Wamkulu amakana kulamulidwa ndi munthu yemwe iye adamuphunzitsa ntchito. Wokwezedwayo amaopa kulamula. Makalata amagona patebulo, ndipo m'makonde mumayamba manong'onong'o akuti uje ali ndi wake kumtunda, uje ndi wa kwawo kwa abwana, uje ndi wachipani. Nthawi zina zimakhala zoona, nthawi zina munthuyo adakhoza intavyu mwachilungamo, koma poti palibe chowonetsa, onse amapakidwa matope amodzi. Mapeto ake ndi kwa Ombudsman kapena ku Industrial Relations Court, ndipo boma likagonja, chipukuta misozi chimachokera m'misonkho yathu. Wodwala ndi mwana wasukulu, omwe sadalowe nawo mkanganowo, ndiwo amayamba kulipira.

Sitikunena kuti zaka zokha zizipambana. Alipo achinyamata ophunzira bwino ndi akhama oyenera kudumpha akuluakulu awo, ndipo kukhalitsa pampando sikusandutsa munthu katswiri. Koma wodumphidwayo auzidwe chifukwa chake. Gawo 43 la malamulo aakulu a dziko lino limapatsa munthu ufulu wolandira zifukwa zolembedwa pamene chiganizo cha boma chakhudza ufulu kapena zoyembekezera zake. Wantchito wa boma sadachotsedwe pa ufulu umenewu.

Za kukonza ntchito za boma tazimva kokwanira. Mu 2015 kudakhazikitsidwa ndondomeko yomwe adatsogolera malemu Saulos Chilima, ndipo mu 2021 iwo adaperekanso lipoti lokhudza ma alawansi, kagulidwe ka katundu ndi makontirakiti a ntchito, lomwe silidatulutsidwe kuti anthu aliwerenge. Kubisa kotereku ndiko kumadyetsa mphekesera m'maofesi.

Pempho lathu likupita ku nthambi yoona za antchito a boma ya DHRMD. Musanasamutse munthu ngakhale mmodzi, tulutsani mndandanda wosonyeza tsiku lomwe aliyense adayamba ntchito, giredi yake ndi tsiku lomwe adaifikira. Upachikidwe poonekera m'maunduna ndi m'makhonsolo, ndipo woona cholakwika apatsidwe nthawi yodandaula zinthu zisanatsekedwe. Lamulo lowerengera ukulu likhale limodzi, ndipo zaka zomwe munthu wagwira zizimutsata kulikonse komwe boma lamutumiza. A Civil Servants Trade Union ndi a Teachers Union of Malawi, musamangodzuka pa nkhani ya malipiro yokha. Pa zokambirana zanu ndi boma, kaikeni mndandanda umenewu patebulo.