Mbiri ya Makina Isathe ndi Dzimbiri

M'chaka cha 1908 sitima ya pamtunda inayamba kuyenda pakati pa Port Herald, pamene lero timati Nsanje, ndi mzinda wa Blantyre. Injini zake zinali zoyendera moto ndi nthunzi. Lero injini zotere zinaleka kuyenda pa njanji zathu, ndipo wofuna kuona imodzi ayenera kupita ku nyumba yosungiramo zinthu zakale ku Chichiri, kumene yangoima duu pabwalo. Azibambo amene ankasonkhezera moto m'menemo akutha mmodzimmodzi. Akadzatha onse, adzatifotokozera ndani mmene makinawo ankagwirira ntchito?

Vuto limeneli anthu a ku Mangalande analiona kale. Bambo Roye England, amene anachokera ku Australia, anadandaula poona kuti midzi ndi njanji zakale zikusintha msanga. Tsono anayamba kuyeza nyumba ndi kupanga tizifanizo take mosamala, kufikira m'chaka cha 1954 pamene anatsegula nyumba yoonetsera ya Pendon ku Oxfordshire. Kumeneko kanthu kalikonse nkochepetsedwa ka 76, ndipo mlendo amaona ndi maso mmene sitima za Great Western Railway zinkadutsira m'midzi cha m'ma 1930.

Luso lotere ife sitikulisoŵa. Pitani m'mudzi uliwonse, mukapeza mwana akuyendetsa galimoto la waya lokhala ndi chiwongolero chokhota ndithu. Chimene chikusoŵa ndi muyeso ndi cholinga. Ena adzati izi nzidole chabe, zotayitsa nthaŵi ya maphunziro. Ife tikuti iyayi. Chithunzi chimaonetsa mbali imodzi yokha, koma wopanga chifanizo sangalumikize gudumu ndi mtanda wake asanamvetse chifukwa chake zinalumikizidwa motero. Amakakamizika kufunsa, kuyeza ndi kuŵerengera.

Titenge chitsanzo cha Ilala. Sitimayi inapangidwa ku Scotland, inabwera kuno m'zidutswazidutswa, ndipo anailumikiza ku Monkey Bay nkuyamba ntchito pa Nyanja ya Malaŵi m'chaka cha 1951. Utali wake ndi pafupifupi mamita 52. Mwana akaichepetsa ka 100, chifanizo chake chidzatalika masentimita 52. M'ntchito imodzi yomweyo waphunzira masamu, mbiri ya dziko ndi zopangapanga. Ndipo tsiku lina Ilala ikadzapuma, monga zimapumira sitima zonse, chifanizocho chidzatsala kuti adzukulu adzaone chimene chinkanyamula makolo awo kupita ku Likoma ndi ku Nkhata Bay.

Nchifukwa chake tikupempha aphunzitsi kuti ntchitoyi aipatse malo pa phunziro la zaluso. Zipangizo zake si zodula ai: waya, zitini, timatabwa totsala kwa akalipentala ndi rula. Itanani agogo amene anagwirapo ntchito ku njanji, pa doko kapena m'fakitale ya tiyi, kuti aone chimene ana apanga ndi kuwongolera polakwika.

Nanunso anyamata ndi atsikana amene mwatsiriza sukulu, musanyoze ntchito ya manja. Sankhani chinthu chimodzi cha kwanuko, kaya ndi chigayo chakale kaya mlatho wa njanji, muchiyeze ndi kulemba dzina ndi chaka chake pansi pa chifanizo. Ntchitoyi imafuna kudekha, koma imafunanso kuyambidwa lero, eni nzeru akadali moyo. Paja akuluakulu anati madzi akatayika saoleka.