Kambalame ka ku Thyolo kotsatira linthumbu

M'nkhalango zowirira za m'mapiri a kum'mwera kwa Malawi ndi kumpoto kwa Mozambique muli kambalame kamanyazi kamene sikapezeka kwina kulikonse pa dziko lapansi. Akatswiri a mbalame amakatchula kuti Thyolo Alethe, popeza kanalembedwa koyamba m'mabuku a sayansi mu 1927 katapezeka ku Thyolo. Msana wake ndi wofiirira, pakhosi ndi poyera, ndipo nthenga za m'mbali mwa mchira zili ndi nsonga zoyera. Kawirikawiri munthu amangomva kalikhweru kake mumthunzi osakaona.

Chodabwitsa ndi kadyedwe kake. Linthumbu, limene pamudzi timalithira phulusa, kwa kambalameka ndi mlenje wokasakira. Linthumbu likamayenda pa masamba oyoyoka, akangaude, ziwala ndi tizilombo tina timatuluka pobisala n'kuyamba kuthawa. Kambalame kamatera pa kanthambi kapafupi ndi pansi, n'kumatola tothawato. Koma linthumbu la m'nkhalango limafuna nthaka yachinyontho ndi mthunzi. Mitengo ikagwetsedwa, nthaka imauma, linthumbu limasamuka, ndipo kambalame kamasowa chakudya. Sikangakhale m'munda wa chimanga kapena m'nkhalango ya bulugamu.

Izi n'zimene zinachitika pa phiri la Thyolo. Mbali yaikulu ya nkhalango yake inatha kalekale chifukwa chotsegula minda ndi kudula nkhuni, ndipo kunangotsala timadera tochepa. Ku Mulanje nako, moto wolusa, makala ndi macheka zikuchepetsa malo ake. N'chifukwa chake mbalameyi ili m'gulu la zimene zili pa chiopsezo cha kutha.

Chiyembekezo chinachokera ku Mozambique, kumene kambalameka kamapezekanso pa mapiri a Namuli ndi Chiperone. Mu 2008, akatswiri amene anakafufuza nkhalango yaikulu ya pa phiri la Mabu, m'chigawo cha Zambezia, anakapezako mbalamezi zochuluka. Anthu ozungulira phirilo anali akulidziwa ndi kulilemekeza kuyambira kale.

Nanga mlimi zikumukhudza bwanji? Nkhalango imene kambalameka kamakhalamo ndi yomwenso imasunga madzi a mitsinje monga Ruo, Lichenya ndi Likhubula, imene imathirira madimba m'chilimwe. Mizu ya mitengo yake imagwira nthaka ya m'mapiri. Amene anaona matope ndi miyala zikukokolola midzi pa nthawi ya namondwe wa Freddy mu 2023 akudziwa kuopsa kwa madzi otsika m'phiri popanda chowatchinga.

Choncho makomiti a zachilengedwe m'midzi, mafumu ndi alangizi ali ndi ntchito yooneka: kulambula njira zotchingira moto mvula ikangotha, kuleka kulima m'mphepete mwa mitsinje, kudzala mitengo ya nkhuni pafupi ndi nyumba, ndi kulola zitsa za mitengo yachilengedwe kuti ziphukire. Pamene kalikhweru ka mbalameyi kakumvekabe, akasupe nawo amakhala asanaphwe.