Nkhalango ya mufilimu simera yokha

Ndatopa nawo mawu akuti "zimenezo ndi za kompyuta basi." Timawamva nthawi zonse tikamaonera filimu ku hostel, ndipo owanenawo amadziona ngati atulukira chinyengo. Ine ndikuti mawuwa ndi bodza, ndipo bodzali limathandiza kudyera anthu ena masuku pamutu.

Taonani SpeedTree, pulogalamu yopangira mitengo yomwe idagwiritsidwa ntchito mu Avatar ya 2009, ndipo eni ake adalandira mphoto ya Academy ya zaumisiri mu 2015. Ndi pulogalamuyi munthu sajambula tsamba lililonse pamanja. Amaipatsa malamulo: thunthu litalike bwanji, nthambi ziphukire pati, masamba achuluke motani, mphepo iwagwedeze bwanji. Nzeru yofotokoza kakulidwe ka zomera ndi malamulo obwerezabwereza idatchuka ndi Aristid Lindenmayer, katswiri wa zamoyo wochokera ku Hungary, mu 1968.

Koma malamulowo amasankha ndani? Makina sadziwa kuti mlambe umayoyola masamba m'chilimwe, kapena kuti mtengo womera pamthunzi umapendekera kofuna dzuwa. Amadziwa ndi munthu amene wakhala akuyang'anitsitsa mitengo yeniyeni, kenako n'kumakonza mobwereza mpaka wotsogolera filimu akhutire. The Jungle Book ya 2016 idajambulidwa mu situdiyo ku Los Angeles. Nkhalango ya ku India imene tidaiona ija adaiumba ndi amisiri a kampani ya MPC.

Wina anena kuti pulogalamu imafulumizitsa ntchito. Zoona. Koma ndani amanena kuti nyumba yamangidwa ndi wilibala?

Tikamati "kompyuta yachita", wogwira ntchito amasowa pamaso pathu, ndipo munthu wosaoneka savuta kumulipira pang'ono. Amisiri a zithunzi zoterezi amazidziwa bwino zimenezi. Mu February 2013 kampani ya Rhythm & Hues, yomwe idapanga nyalugwe wa mu Life of Pi, idalengeza kuti yagwa ndi ngongole, antchito ambiri n'kuchotsedwa. Mwezi womwewo ntchito yawo idapata Oscar. Bill Westenhofer atayamba kutchula za mavuto a kampaniyo polandira mphotoyo, nyimbo idamudula mawu.

Ife ophunzira za chikhalidwe cha anthu timadzitama kuti timafunsa mwini wake wa ntchito iliyonse yaluso. Nanga bwanji filimu ikatha timathimitsa laputopu mayina a amisiriwa asanadutse?