Khobidi la Charon ndi nkhafi ya pamanda

Tikamuona Hades mu kanema kapena m'magemu a pafoni, amakhala chimunthu choopsa, moto uli lawilawi kumbuyo kwake, ndiye ambirife tidangomaliza kuti ameneyu ndi Satana wa Agiriki. Ayi ndithu. M'nthano za Agiriki akale, Hades anali m'bale wake wa Zeus ndi Poseidon, onse ana a Kronos ndi Rhea. Atagonjetsa bambo awo adachita mayere: Zeus adapata kumwamba, Poseidon nyanja, Hades dziko la akufa. Sankayendayenda kuchimwitsa anthu. Iye ndi mkazi wake Persephone ankangosunga amene afika, uku galu wa mitu itatu, Cerberus, akulondera pakhomo kuti wolowa asatulukenso. Malo achilango, Tartarus, analipo, koma anali a owerengeka amene adapalamula kwa milungu. Ambiri ankangokhala phee ngati zithunzithunzi.

Chimene Mgiriki ankaopa koposa si kukafika kwa Hades, koma kukanika kukafikako. Pakati pa amoyo ndi akufa panali mtsinje, ena amati Styx, ena Acheron, ndipo pagombe pake panali nkhalamba yopalasa bwato, Charon. Ulere panalibe. N'chifukwa chake abale ena ankaika kakhobidi kotchedwa obol m'kamwa mwa malemu, ndalama yoolokera. Munthu amene sanaikidwe m'manda ankatsalira tsidya lino, kwa amoyo palibe malo ake, kwa akufa sakumulandira.

Ife a m'mbali mwa nyanja, nkhani imeneyi sitifuna wotimasulira.

Mwera ukayamba kuomba miyezi yozizira ija, aliyense kuyambira ku Chia mpaka ku Dwangwa amadziwa tanthauzo la bwato limene silinabwerere m'mawa. Asodzi anzawo amasonkherana ya mafuta a injini n'kulowa panyanja. Amayi amakhala pamchenga, maso kumadzi. Tsiku loyamba amafuna munthu. Pofika lachitatu, palibe amene amanena mokweza, koma chimene akufuna ndi thupi. Ndipo likapezeka, pakati pa kulira konseko mumamveka mawu amene mlendo angadabwe nawo: bola wapezeka. Likapanda kupezeka, m'madera ena amaika thunthu la nthochi m'malo mwa malemu, kuti pakhale poloza. Agiriki nawo ankamanga manda opanda mtembo, okumbukira amene adatsalira panyanja kapena kunkhondo.

Kuti muone kuti nkhaniyi sinathere m'nthano zokha: m'chaka cha 406 Khristu asanabadwe, asilikali a m'madzi a mzinda wa Athens adagonjetsa a Sparta pafupi ndi zilumba za Arginusae. Nkhondo itatha kudabwera namondwe, ndipo akuluakulu a nkhondo adalephera kuvuula anzawo a m'zombo zosweka, amoyo ndi akufa omwe. Atabwerera kwawo sadawalandire ndi nthungululu. Adawazenga mlandu, asanu ndi mmodzi n'kuwapha. Anthu oti apambana nkhondo! Ine chigamulo chimenecho ndimachiona kuti chinali cha mkwiyo, osati chilungamo, pakuti namondwe salamulidwa ndi munthu. Koma mkwiyowo ndimaumvetsa kumene udachokera.

Ndikunena zonsezi chifukwa cha mkangano umene umabuka kawirikawiri m'magulu athu a pa WhatsApp. M'bale akamwalira ku Joni, uthenga umabwera: tiyeni tisonkhe, thupi libwere kumudzi. Nthawi yomweyo wina wa msinkhu wathu amafunsa kuti bwanji osangomuika konko, ndalamazo zikathandize ana amene wasiya. Funsoli si lachipongwe. Ulendo wochokera ku Johannesburg kudzera ku Beitbridge, Nyamapanda ndi Tete mpaka ku Nkhotakota umadya ndalama zoti zikadalipira fizi, ndipo pali mabanja amene amatsala ndi ngongole maliro atatha. Enanso, monga abale athu achisilamu, chipembedzo chimawalimbikitsa kuika mwamsanga, ndiye kuika komweko si kutaya munthu. Chimene sindigwirizana nacho ndi kuseka agogo amene akuumirira, ngati kuti ndi umbuli. Gogoyo sakuwerengera za mafuta a galimoto. Akufuna mwana wake akagone kumsitu kumene kuli makolo ake, adzukulu a m'mudzi momwemo amukumbire, kuti mzimu wake udziwe kwawo. Ndi khobidi la Charon lomwe lija, kungoti lero timalitumiza pa Airtel Money kapena Mpamba.

Komanso tauni yathuyi ili ndi bala lakelake pa nkhani ya kuoloka madzi osabwerera. Kuyambira m'zaka za m'ma 1840, Jumbe Salim bin Abdallah ndi amene adalowa m'malo mwake ankaolotsa akapolo m'zombo kuchokera pano kupita tsidya la kum'mawa, ulendo wa ku Kilwa. David Livingstone adafika kuno mu 1861 n'kudzionera yekha. Mtengo umene amati adakumanirapo ndi Jumbe tonse timaudziwa, alendo amajambulitsapo. Manda a anthu amene adaoloka aja palibe angatilozere.

Pa nthano zonse za dziko la Hades, imene imandikhudza si ya milungu ikuluikulu, koma ya mnyamata wamba, Elpenor, wa mu Odyssey ya Homer. Anali mmodzi mwa opalasa chombo cha Odysseus, wosatchuka pa nzeru kapena pa nkhondo. Tsiku lina ataledzera adagona padenga la nyumba ya Circe, podzidzimuka m'mawa adagwa n'kuthyoka khosi. Anzake anali pa changu, adanyamuka osamuika. Odysseus atafika kumalire a dziko la akufa, mzimu woyamba kukumana nawo unali wa mnyamata yemweyu. Sudapemphe kubwezera kapena kuukitsidwa. Udapempha kuti amuchitire mwambo wa maliro, amuunjikire manda m'mbali mwa nyanja, ndipo pamwamba pake azikepo nkhafi imene ankapalasira ali ndi anzake. Odysseus, munthu woti padapita zaka asanaone kwawo, adatembenuza chombo kubwerera kuchilumba cha Circe, nakazika nkhafiyo.