Phunziro la Akambuku a ku Thailand kwa Anthu a ku Kafue

Kwa zaka zambiri alendo anali kukhamukira ku kacisi wa Cibuda m'cigawo ca Kanchanaburi, m'dziko la Thailand, kukaona amonke akukhala pamodzi ndi akambuku a mizeremizere. Amonkewo anali kunena kuti ali kuteteza nyamazo. Koma m'caka ca 2016, pamene Boma linalanda akambukuwo, anchito ake anapeza ana a akambuku 40 akufa ali m'firiji. Mwa akambuku 147 olandidwawo, 86 anali atafa pofika mu 2019, ambiri kaamba ka matenda ndi kufooka kobwera ndi kuberekana pacibale.

Nkhaniyi isonyeza kuti kutsekera nyama m'khola sindiko kuisunga. Nyama isungika pamene malo ake acibadwa asungidwa.

Izi zikhudza anthu a ku Kafue, pakuti m'madambo a mtsinje wa Kafue, kumadzulo kwa tauniyi, muli mtundu wa lechwe umene supezeka m'thengo lina lililonse pa dziko lapansi. Kuciyambi kwa zaka za m'ma 1970 nyamazi zinalipo pafupifupi 100,000, koma pofika mu 2015 zinali zosakwana 30,000. Damu la Itezhi-Tezhi, limene linamalizidwa mu 1977, linasintha kasefukidwe ka madzi omeretsa msipu, ndiponso opha nyama mwakuba sanaleke, ngakhale kuli mapaki a Lochinvar ndi Blue Lagoon.

Alonda a nyama sangaithe okha nchitoyi. Malinga ngati m'tauni muli anthu ogula mobisa nyama yowamba ya m'thengo, misampha siidzatha m'madambo.